Kwa kazembe amamva mapepala: kukonza viza kuchokera ku Zomba, ndi kothawira mukavutika kunja

Maofesi a kazembe alipo a mbali ziwiri. Pali a mayiko ena amene ali ku Lilongwe, monga a America, Britain, South Africa, China, India, Germany ndi Norway. Kumeneko ndi kopempha chilolezo cholowera m'dziko la eni ake. Ndiye pali a dziko lathu amene ali kunja, ku Pretoria, Johannesburg, Harare, Lusaka, Maputo, Tete, Dar es Salaam, Nairobi, London, Washington, Beijing, New Delhi, Kuwait ndi kwina. Kumeneko ndi kothawira Mmalawi akataya pasipoti, akamangidwa, kapena akaferedwa ali kuchilendo. Pakati pa mayiko a Commonwealth ofesiyi imatchedwa High Commission, kwina amati Embassy, ndipo Consulate ndi nthambi yake, koma kwa wofuna thandizo dzinalo lilibe kanthu. Chofanana konseko n'chakuti munthu wa pawindo sakudziwani. Sadziwa mfumu yanu, sadziwa kuti ndinu mkulu wa mpingo ku Sadzi kapena mphunzitsi wotchuka ku Domasi. Iye amangoona mapepala, ndipo amafuna kuti mapepala onsewo anene nkhani imodzi.

Chisamukire likulu ku Lilongwe mu 1975, wa ku Zomba wofuna kazembe amakwera basi kudzera ku Liwonde, Balaka, Ntcheu ndi Dedza, mtunda wa makilomita pafupifupi 300. Kubwezedwa pageti chifukwa cha pepala limodzi ndi thiransipoti yopita ndi kubwera, malo ogona, ndi masiku awiri a ntchito. Mwayi wathu ndi wakuti mapepala ambiri ofunika amachokera pompano: likulu la MANEB lili ku Zomba, Chanco ili pano, ofesi ya DC, polisi ndi khoti nazo zili m'tauni momwemu. Ntchito yaikulu imathera kuno musanakwere basi.

Yambani ndi dzina lanu

Yalani pamphasa chiphaso cha unzika, pasipoti, setifiketi ya MSCE, ya kukoleji, ya kubadwa ndi ya ukwati. Werengani dzina ndi tsiku lobadwa chilembo ndi chilembo. Kwathu kuno dzina limodzi limalembedwa patatu: Saidi pa chiphaso, Said pa setifiketi, Sayidi kubanki. Wina kusukulu analembetsa dzina la atsibweni amene ankamulipirira fizi, pa chiphaso n'kuika la bambo ake. Wina anadula zaka pobwereza Sitandade 8. Kumudzi palibe angadabwe nazo, koma pa kompyuta ya kazembe amenewo ndi anthu awiri.

Cholakwika pa chiphaso cha unzika chimakonzedwa ku NRB, bungwe lopereka ziphasozi, kwa DC. Chimene sichingasinthike, monga dzina la pa setifiketi yakale, mumachifotokoza m'kalata yolumbira pamaso pa majisitireti kapena loya, yonena kuti mayina awiriwo mwini wake ndi mmodzi. Mayi amene anatenga dzina la mwamuna wake aphatikize setifiketi ya ukwati. Chinkhoswe ndi ukwati weniweni pa lamulo la maukwati la 2015, koma ankhoswe sangakalowe nanu pawindo, choncho kafunseni kwa DC za kulembetsa ukwatiwo kuti mukhale ndi pepala m'manja.

Pasipoti ya munthu wamkulu imakhala zaka 10, koma musaiwerengere mpaka tsiku lomaliza. Mayiko ambiri, ndi makampani a ndege omwe, amafuna kuti ikhale ndi miyezi 6 yotsala komanso masamba awiri opanda chidindo. Kuchokera kuno maofesi akuluakulu a Immigration apafupi ndi Blantyre ndi Mangochi. Lipirani povomerezeka, mutenge lisiti la boma. Madobadoba amene amakuchingamirani pageti alibe makina osindikizira pasipoti, ali ndi pakamwa basi. Ndipo musagule tikiti pasipoti isanafike m'manja: kumayambiriro kwa 2024 makina a mapasipoti anaima kwa masabata angapo, ndipo palibe kampani ya ndege imene imadikira zimenezo.

Opita kusukulu kapena kuntchito, mapepala a maphunziro atsimikiziridwe ndi amene anawapereka: a MSCE ku MANEB, a digiri kwa rejisitirala wa yunivesite, a unamwino ku Nurses and Midwives Council of Malawi. Dziko limene mukupita likafuna chitsimikizo cha boma, mapepalawo amadutsa ku Unduna wa Zakunja ku Capital Hill. Malawi ili m'pangano la ku Hague la 1961 la chidindo chotchedwa apostille, ndipo mayiko a m'panganolo amachilandira osafunanso china. China inalowamo mu Novembala 2023. United Arab Emirates mulibe, choncho wopita ku Dubai amafunikanso chidindo cha kazembe wa dzikolo pamwamba pa cha unduna wathu. Chenjezo laling'ono: musamate setifiketi ndi pulasitiki. Pepala lomatidwa silidindika, ndipo wofufuza sangalikhudze kuti adziwe ngati ndi lenileni.

Kalata ya polisi yosonyeza kuti mulibe mlandu imayamba ndi kudinda zala, ndipo zalazo zimakafufuzidwa ku likulu la polisi ku Area 30. Simatuluka tsiku lomwelo. Apa ndi pamene ndondomeko imavuta, chifukwa mapepala ena amachedwa kutuluka pomwe ena sachedwa kutha mphamvu. Yambani ndi ochedwa amene satha: pasipoti, za ku NRB, za ku MANEB. Kenako kalata ya polisi, imene maofesi ambiri salandira ikapitirira miyezi 6. Pomalizira penipeni zithunzi ndi sitetimenti ya kubanki.

Chimene wopereka viza amafuna kudziwa

Mafunso ake ndi atatu: mukukatani, alipira ndani, ndipo n'chiyani chidzakubwezeni kwanu. Pepala lililonse limene mwanyamula liyankhe limodzi mwa mafunso amenewa. Losayankha kanthu lisiyeni kunyumba.

Pa ndalama ndi pamene ambiri amadzikola. Munthu amalandira K400,000 pamwezi, kwatsala sabata imodzi kuti apereke fomu, mu akaunti mukugwa K15 miliyoni yobwereka kwa achimwene. Wowerenga sitetimenti amaona zimenezi tsiku ndi tsiku. Iye sayang'ana nambala yapansi yokha, amatsata miyezi itatu kapena isanu ndi umodzi kuti aone ndalama zikulowa bwanji. Ngati munagulitsa puloti ku Matawale kapena mpunga wa ku Chilwa, phatikizani pangano logulitsira kapena malisiti. Ngati wolipira ulendo ndi wina, nenani poyera, ndipo iyeyo apereke kalata, sitetimenti yake, ndi umboni wa ubale wanu. Akaunti yaing'ono yomveka bwino imaposa yaikulu yosadziwika kochokera. Amene malonda awo amayenda pa Airtel Money kapena Mpamba atenge sitetimenti ya kumeneko, komanso ayambe msanga kusungitsa kubanki.

Chobweza munthu kwawo chimaoneka m'kalata ya abwana yonena udindo, malipiro, masiku a tchuthi ndi tsiku lobwerera pantchito. M'laisensi ya bizinesi ndi mapepala a MRA. M'kalata ya sukulu. M'mapepala a nyumba ndi a ana. Kalata yokuitanani ikhale ndi dzina, adiresi ndi foni ya wokuitanani, masiku enieni, ndi chithunzi cha pasipoti kapena chilolezo chake chokhalira kumeneko. Masiku a m'kalatayo, a pa fomu, a tchuthi ndi a ndege afanane. Tikiti ingosungitsani malo, musalipire viza isanatuluke.

Fomu mudzaze nokha, kapena mukhale pambali pa wokudzazirani muwerenge mzere uliwonse. Anyamata a pa intaneti kafe amafulumira, ndipo pa funso lakuti munakanizidwapo viza amangoyankha kuti ayi. Siginecha ndi yanu, bodzalo likhalanso lanu. Imelo ndi nambala yachinsinsi zikhale zanu, chifukwa yankho limabwera kumeneko.

Ndalama ya viza ndi yolipirira kuti aone pempho lanu, sibwezedwa mukakanizidwa. Imawerengedwa m'ndalama zakunja, ndiye kwacha ikagwa, monga inagwera ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, mtengo umalumpha. Ngati akufuna kulipira pa intaneti, kafunseni kubanki kwanu ngati khadi lanu lingalipire kunja ndi malire ake, musanafike tsamba lomaliza la fomu.

Joni

Mmalawi wokacheza ku South Africa safunika viza, amadindiridwa masiku osapitirira 30 pachipata. Masiku amenewo ndi ochezera, si ogwirira ntchito kapena kuphunzira. Mukangodindiridwa ku Beitbridge kapena pabwalo la ndege la OR Tambo, werengani tsiku limene alemba musanachoke pawindo, chifukwa nthawi zina amapereka ochepera. Chiyambire malamulo a 2014, wopitirira masiku salipitsidwanso faindi potuluka, amaletsedwa kubwerera: chaka chimodzi ngati wapitirira ndi masiku osaposa 30, zaka ziwiri ngati wabwereza mkati mwa miyezi 24, ndi zaka zisanu ngati wapitirira ndi masiku oposa 30. Amene anachedwa chifukwa chogonekedwa m'chipatala akhoza kudandaula polemba ku Home Affairs, unduna wawo woona zolowa ndi kutuluka m'dziko, ndi kalata ya chipatalacho.

Chizolowezi chopatsira pasipoti kwa a mabasi kapena matransipota kuti akadinditse kuboda mwini wake ali ku Joni chawononga mapasipoti ambiri. Chidindo chikhoza kuoneka bwino pa pepala koma mu kompyuta mulibe, ndipo tsiku limene adzayerekeze ziwirizo mlandu ndi wa mwini pasipoti, osati wa dalaivala.

Viza ya sukulu kapena ya ntchito imapemphedwa muli kuno, ku ofesi ya South Africa ku Lilongwe, pa fomu ya DHA-1738. Lamulo lawo silola mlendo wongocheza kusinthira ku viza ya ntchito ali komweko, kupatula pa zifukwa zochepa kwambiri, ndiye zakuti lowani kaye mapepala mukakonzera konko musamvere. Wa sukulu amafunika kalata yomulandira, kalata ya dokotala, ya polisi, umboni wa ndalama, ndi inshuwalansi ya chipatala yolembetsedwa ku South Africa komweko, osati ya kuno. Wa ntchito mapepala ake a maphunziro amayamba ayesedwa ndi SAQA, bungwe lawo loyerekeza maphunziro akunja ndi a kwawo, ndipo zimenezo zimatenga nthawi. Woyenda ndi mwana popanda kholo linalo anyamule setifiketi ya kubadwa ya mwanayo ndi kalata yolumbira ya kholo lotsalalo, poti njira ya basi imadutsa Mwanza, Zóbuè, Nyamapanda ndi Beitbridge, ndipo paliponse akhoza kufunsa.

Britain

Fomu ili pa tsamba la boma lawo la gov.uk, mumalipira pomwepo, n'kusankha tsiku lokajambulitsa nkhope ndi zala ku Lilongwe. Amene amakulandirani kumeneko ndi a kampani yongotolera mapepala. Sagamula kanthu, ndipo kuwachonderera n'kutaya malovu. Yankho limatenga pafupifupi masabata atatu, ndipo viza yokacheza mukhoza kuipempha kutatsala miyezi itatu. Mu Epulo 2025 mtengo wake unali £127, koma umakwera kawirikawiri.

Wokakhala kopitirira miyezi 6 amayezetsa TB, ndipo chipatala chake chiyenera kukhala cha pa mndandanda wa Home Office, unduna wawo woona za maviza. Zotsatira za ku Zomba Central, ngakhale zili zoona, sazilandira. Setifiketiyo imakhala miyezi 6. Wophunzira amafunika nambala ya CAS yochokera kusukulu, yotsimikiza kuti yamulandira, ndipo ndalama za fizi ndi zodyera ziyenera kukhala mu akaunti masiku 28 otsatizana osatsika ngakhale tsiku limodzi, sitetimenti yake isapitirire masiku 31 pa tsiku lopereka fomu. Ambiri amagwa apa chifukwa cha kwacha: ndalama zinali zokwana pa tsiku loyamba, mtengo wa paundi n'kusuntha, n'kupezeka zaperewera pang'ono. Ikani zoposerapo. Palinso ndalama ya chipatala yolipiriratu, £776 pachaka kwa wophunzira chiyambire Febuluwale 2024.

Njira yolemba anthu ochokera kunja ntchito yosamalira okalamba inatsekedwa pa 22 Julaye 2025. Wina akakuuzani pa WhatsApp kuti akugulitsa malo a ntchito imeneyo, ndalama zanu akufuna kudya. Pepala labodza likagwidwa, chiletso chake chimafika zaka 10.

America

Apa yambani ndi kufufuza ngati viza imene mukufuna ikuperekedwa n'komwe. Pa 20 Ogasiti 2025 Malawi ndi Zambia anali mayiko oyamba kuikidwa pa ndondomeko ya chikole: wovomerezedwa viza yokacheza kapena ya bizinesi amauzidwa kupereka $5,000, $10,000 kapena $15,000, zobwezedwa akatuluka m'nthawi yake. Chikolecho chimalipiridwa pokhapokha wofunsa mafunso atakuuzani, kudzera pa tsamba la boma lawo la Pay.gov, osati kwa ejenti. Kenako mu Disembala 2025 Malawi inaikidwa pa mndandanda wa mayiko amene mitundu ingapo ya viza, kuphatikizapo yokacheza ndi ya sukulu, inaimitsidwa kuyambira pa 1 Januwale 2026. Malamulo amenewa amasintha ndi chilengezo chimodzi, choncho werengani tsamba la kazembe wawo tsiku limene mukufuna kulipira.

Njira yake ikakhala yotseguka imayenda chonchi: fomu ya DS-160 pa intaneti, chithunzi cha masentimita 5 mbali zonse, kumbuyo koyera, opanda magalasi, chosapitirira miyezi 6, ndalama ya $185, kenako tsiku la mafunso ku City Centre. Wophunzira amaonjezera fomu ya I-20 yochokera kusukulu ndi $350 ya SEVIS, kaundula wa ophunzira ochokera kunja. Fomu imafunsa mayina amene mwagwiritsa ntchito pa Facebook ndi kwina m'zaka zisanu, ndipo kubisa n'kulakwa. Mafunso amatha m'mphindi zochepa, mwina osatsegula n'komwe envulopu yanu, choncho nkhani yanu ikhale pakamwa. Pepala lolembedwa 214(b) likutanthauza kuti sanakhutire kuti mudzabwerera, ndipo apilo palibe. La 221(g) likutanthauza kuti akufuna pepala lina kapena akufufuzabe.

Ulaya, India ndi China

Viza ya Schengen, yolowera m'mayiko ambiri a ku Ulaya, imalola masiku 90 mkati mwa masiku 180. Mumapempha ku dziko limene mukakhalitse, osati limene mwamva kuti ndi lofewa. Mayiko ambiri a kumeneko alibe ofesi ya viza kuno, ndiye amaimiridwa ndi dziko linzawo kapena amakutumizani ku Lusaka, Harare kapena Pretoria. Fufuzani zimenezi poyamba, chifukwa zikhoza kuonjezera ulendo wina. Mtengo ndi €90 chiyambire Juni 2024, inshuwalansi ikhale yofika €30,000, pasipoti ikhale ndi miyezi itatu yotsala kuchokera tsiku lotuluka. Fomu amalandira kutatsala miyezi 6, ndipo isachedwe kufika masiku 15 ulendo usanachitike. Yankho limatenga masiku 15, nthawi zina mpaka 45. Mukakanizidwa amachonga chifukwa pa pepala, ndipo muli ndi ufulu wa apilo.

Opita ku India kukalandira chithandizo akhoza kupempha viza ya odwala pa intaneti ndi kalata ya chipatala cha kumeneko, ndipo odikirira odwala amaloledwa awiri. Poti ndege zathu zimadzera ku Addis Ababa kapena Nairobi, nyamulani khadi lachikasu la katemera wa yellow fever. Ophunzira opita ku China amafunika fomu ya JW201 kapena JW202, ndipo viza yawo ya X1 ndi yolowera chabe. Mkati mwa masiku 30 mutafika muyenera kuisintha kukhala chilolezo chokhalira.

Usiku woti mawa lake mukaonekere kwa kazembe, kagoneni ku Lilongwe. Basi yonyamuka ku Zomba mbandakucha siingakufikitseni pa nthawi ya 8 koloko. Tengani mapepala enieni ndi mafotokope ake, ndipo dziwani kuti maofesi ena salola foni kapena chikwama kulowa. Amatsekanso pa maholide a kwawo kuphatikiza athu. Mukakanizidwa musathamangire kulipiranso mawa lake ndi mapepala omwewo. Werengani chifukwa, konzani chimenecho, ndipo pa fomu yatsopano vomerani kuti munakanizidwapo.

Mukafika kunja

Musananyamuke, jambulani tsamba la pasipoti lokhala ndi nkhope yanu, viza, ndi chiphaso cha unzika. Tumizani ku imelo yanu, musiyenso fotokope kwa mbale wodalirika kuno. Lembani pa pepala, osati m'foni mokha, nambala ya ofesi ya Malawi yoyang'anira dziko limene mukupita. Si dziko lililonse lili ndi ofesi yathu, ndipo imodzi imayang'anira mayiko angapo. Wokakhalitsa akalembetse dzina, adiresi ndi mbale wa kumudzi. Zimaoneka zachabe mpaka tsiku la chipwirikiti. Mu 2015, anthu obwera atayamba kuchitidwa chipongwe ku Durban, boma linatumiza mabasi kukatenga Amalawi, ndipo pa nthawi ngati imeneyo wodziwika kale ndiye savuta kumupeza.

Pasipoti ikatayika kapena kubedwa, pitani kaye kupolisi ya komweko mukatenge lipoti. Ku South Africa kulumbira kalata kupolisi ndi kwaulere. Kenako pitani ku ofesi yathu ndi lipotilo, zithunzi, fotokope ya pasipoti yotayikayo kapena chiphaso cha unzika, ndi ndalama yolipira. Amakupatsani Emergency Travel Certificate, chikalata cha ulendo umodzi wobwerera kumudzi. Si chokhalira kumeneko, si chofunsira ntchito, ndipo masiku ake ndi owerengeka, choncho chitengeni mutadziwa kale tsiku la basi. Wopanda pepala lililonse amafunsidwa mudzi, mfumu yaikulu ndi boma lochokera, ndipo apa fotokope imene munasiya kwa achemwali ku Chinamwali imagwira ntchito. Pasipoti imasindikizidwa ku Malawi, ndiye yanu ikatsala chaka chimodzi yambani kufunsa ngati ofesiyo ingakulandireni fomu kapena muyenera kubwera nokha. Matchona ambiri anatchona chifukwa pasipoti inathera m'sutikesi.

Mukamangidwa, ndime 36 ya pangano la ku Vienna la 1963 imakupatsani ufulu wakuti apolisi adziwitse ofesi ya dziko lanu. Koma muyenera kupempha nokha, ndipo bwerezani pempholo pamaso pa khoti. Musasaine pepala la chilankhulo chimene simukumva, pemphani womasulira. A kazembe akhoza kukuyenderani, kudziwitsa abale ngati mwalola, kukulozerani maloya, ndi kudandaula ngati mukuzunzidwa. Sangakutulutseni, sangakulipirireni belo kapena loya, ndipo sangalamule woweruza wa dziko la eni. Ogwidwa opanda mapepala ku South Africa amatumizidwa ku Lindela, malo osungira odikira kubwezedwa kwawo, ku Krugersdorp, ndipo sangabwezedwe kwawo ofesi yathu isanatsimikize kuti ndi Amalawi. Wopereka dzina labodza kapena kunamizira dziko lina amangodzitalikitsira masiku. Abale a kuno ofuna kufufuza munthu wawo alembere ku Unduna wa Zakunja, ndi dzina lake lonse monga lilili pa pasipoti, tsiku lobadwa, ndi komwe anaonekera komaliza. Dzina la pabwalo la mpira silithandiza.

Pasipoti ndi katundu wa boma la Malawi, ndipo bwana alibe ufulu woisunga. Amayi ambiri amene anapita ku Oman kukagwira ntchito za m'nyumba analandidwa mapasipoti atangofika, m'dziko limene tilibe ofesi ya kazembe, ndipo kuwabweza kunatenga miyezi. Ntchito yakunja ikabwera kudzera kwa ejenti, kafunseni ku ofesi ya zantchito kwa DC ngati ejentiyo ndi wodziwika, werengani kontirakiti musanakwere ndege, ndipo yang'anani ngati viza yanu ndi ya ntchito kapena yongocheza. Wokutengani pa viza yocheza n'kumati zina tikakonza konko akhoza kukhala kuti akuswa lamulo lathu la 2015 loletsa kuzembetsa anthu, ndipo mukhoza kukamunenera kupolisi musananyamuke.

Mwana wobadwira ku South Africa kwa makolo a ku Malawi sakhala nzika ya kumeneko chifukwa chongobadwirako. Mulembetseni ku Home Affairs mkati mwa masiku 30, musunge khadi la kuchipatala, kenako mupite ndi mapepalawo ku ofesi yathu kuti apeze chikalata choyendera. Mwana wopanda pepala amavutika polowa sukulu konko, amavutikanso kuboda pobwera kudzaona agogo. Za unzika wa mayiko awiri, lamulo linasinthidwa mu 2019 ndipo tsopano ndi zololedwa, koma sizichitika zokha, mumalembetsa ku Immigration.

Maliro

Iyi ndiyo ntchito yolemetsa, ndipo imapeza abale alibe mtima wowerenga mafomu. Ofesi ya kazembe silipira bokosi, mochale kapena galimoto. Chimene imachita ndi kutsimikiza kuti malemuwo ndi Mmalawi ndi kulemba kalata yololeza thupi kubwera. Pamafunika setifiketi ya imfa, imene ku South Africa imayambira pa fomu ya DHA-1663 yosainidwa ndi dokotala. Setifiketi yakuti thupi lakonzedwa ndi mankhwala. Kalata yakuti imfayo si ya matenda opatsirana. Chilolezo cha a zaumoyo chotulutsira thupi m'dzikomo ndi cholowetsera kuno. Ndi pasipoti kapena chiphaso cha malemu. Pa ndege bokosi limakhala lomatidwa ndi chitsulo mkati. Pa msewu, mapepala amayang'anidwa pa chipata chilichonse mpaka ku Mwanza. Imfa ya ngozi kapena yachiwembu imadikira kaye apolisi ndi dokotala wopima thupi.

Sankhani kampani ya maliro imene inanyamulapo matupi kupita ku Malawi, ndipo mugwirizane mtengo wonse polemba, kuphatikizapo masiku a mochale, chifukwa amawerengera tsiku lililonse. Pabanja pasankhidwe munthu mmodzi wolankhula ndi ofesi ndi kampaniyo. Akamaimba anthu asanu, aliyense ndi dzina lake la malemu, mapepala amatuluka ndi mayina osiyana ndipo galimoto imaima pa Beitbridge. Kumudzi musalengeze tsiku loika maliro kapena kuuza adzukulu kukumba manda galimoto isanadutse Tete. Setifiketi ya imfa yakunjayo isungidwe bwino ndi mafotokope otsimikizidwa angapo, poti idzafunikanso ku NRB, kubanki, ndi kwa DC pa nkhani ya chuma cha masiye.